Azakhali, mpikisano wa pa TV wandizunguza mutu

Azakhali,

Ndine mnyamata wa zaka 26, ndimakhala ku Ndirande. Kwa zaka zitatu tsopano ndakhala ndikugwira ntchito mu situdiyo ya madala ena amene anandiphunzitsa kugwira kamera. Timajambula zinkhoswe, maukwati, ana omaliza sukulu ya mkaka ndi tizithunzi ta pa ziphaso. Zinthu zinali bwino mpaka pamene mnzanga anandiikira m'foni mpikisano wa ojambula zithunzi wotchedwa Master of Photography. Azakhali, chionereni pulogalamu imeneyi tulo tinathawa. Anzathu akujambula ku Rome ndi ku Berlin ndi makamera odula, ine ndili kuno kuuza anthu kuti "sekaniko pang'ono". Ntchito yanga yayamba kundinyansa.

Mwezi watha ndinajambula zithunzi zangazanga zaluso, n'kupita nazo kwa madala aja kuti azione. Anaziyang'ana n'kunena kuti pa zithunzi 40 zonsezo chabwino n'chimodzi, zinazo ndangotha nazo batire. Kuchokera tsiku limenelo timangopatsana moni basi. Ine ndikuona ngati ndi nsanje.

Panopa ndaona pa Facebook kuti kukubwera mpikisano wa pa TV wa ojambula a mu Africa, ndipo akuti titumize ndalama yolembetsera pa foni. Kuti ndikawine ndikufunika kamera yamphamvu. Ine ndi bwenzi langa takhala tikusunga ndalama za chinkhoswe chathu, ndipo zimakhala ndi ine. Ndikuganiza zotengako kaye, zoperewera ndikatenge katapila, ndidzabweze ndikawina. Iyeyo sindinamuuze chifukwa zaluso sazimvetsa. Kodi ndikulakwa kufuna kupita patsogolo? Ndithandizeni.

Wotopa ndi zinkhoswe, Ndirande

Mwana wanga,

Khala pansi kaye, foniyo uyiike uko. Kalata yako ndimaiwerenga bwinobwino mpaka pamene walemba kuti mwana wa eni ake zaluso sazimvetsa. Pamenepo ndinavula magalasi kuti ndiseke momasuka. Ndiye kuti mwiniwakeyo zaluso sazimva, koma ndalama zake zokha ndiye zazimva bwino, mpaka zavomera kukagula kamera? Iwe mwana iwe! Nkhani imeneyo tiifika, usayese ndaiiwala. Tiyambe ndi TV, poti ndi imene yakudyetsa khuzumule.

Anthu amayesa azakhali amangodziwa za apongozi ndi mitala. Pulogalamu yakoyo ndinaionera, adzukulu anandiikira pa kompyuta. Inayamba mu 2016 pa kanema wa Sky Arts, ankaikonzera ku Rome, ndipo chaka choyambacho munalowa anthu 12 kulimbirana ma euro 150,000. Wotsogolera anali Isabella Rossellini, mayi wa m'mafilimu uja, ndipo mmodzi mwa oweruza anali Oliviero Toscani, bambo wa ku Italy amene anatchuka ndi zithunzi zotsatsira zovala za Benetton, munthu wosapsatira mawu. Zonsezo n'zoona. Koma mnzako pokuikira mafilimuwo anaiwala kukuuza zinthu ziwiri. Mpikisanowo unali wa anthu a ku Ulaya okhaokha, wa ku Ndirande sakanamulola ngakhale akanabwera ndi kamera yagolide. Ndipo unaonetsedwa zaka zinayi basi, womaliza mu 2019. A Toscani eni akewo anatisiya mu Januwale 2025. Ukusowa tulo, mwanawe, chifukwa cha gule amene ng'oma zake anazipachika kalekale.

Tamuonanso amene anawina chaka choyamba, Gabriele Micalizzi. Sanali mwana wongoyamba kumene. Pamene ankalowa mpikisanowo anali atajambula kale kumayiko a nkhondo, zipolopolo zikulira. Atatenga ndalamazo sanakatambalale pakhonde. Anabwerera ku ntchito yake yomweyo, ndipo mu Febuluwale 2019 anavulala kwambiri ku Syria, bomba litaphulika pafupi naye. Anachira, Mulungu ndi wabwino. Chimene ndikufuna umve n'chakuti TV inamupeza munthuyu luso lili kale m'manja, luso limene analitola pang'onopang'ono kumalo kumene kunalibe womuombera m'manja. Iwe waona magawo 8 a pa kanema. Zaka zam'mbuyozo sanakuonetse.

Usaiwalenso kuti pulogalamu ya pa TV sakonzera wojambula. Amakonzera ife amene takhala pampando ndi kapu ya tiyi. Akufuna tione munthu akuthamanga thukuta lili kamukamu, wina akulira, wina akuyankha mwano, kenako wina alongedze katundu azipita kwawo. Maola ambirimbiri amene munthu amangoima malo amodzi kudikira kuti kuwala kusinthe amawadula, kuopa kuti tingasinthe tchanelo. Ndiye iwe, amene wanyanyala mwezi wathunthu chifukwa madala anakudzudzula muli awiriwiri chitseko chili chotseka, ungapirire woweruza akukuuza pamaso pa Ulaya yense kuti chithunzi chako chilibe kanthu? Amayi ako akuonera, bwenzi lako likuonera, anzako a mu Ndirande atadula kachidutswa kameneko n'kumatumizirana pa WhatsApp? Walira mvula walira matope. Wofuna mpikisano wafunanso kudzudzulidwa, ndipo pamenepo mpamene pali bala lako. Kamera ilibe mlandu.

Sindikunena kuti usiye kuonera. Mapulogalamu amenewa ali ndi phindu, kungoti iwe maso ako akumathera pa makamera ali m'khosiwo. Kaonerenso, koma ulendo uno uziyang'ana zimene akuwachititsa. Onse 12 aja ankajambulira makamera odula, komabe gawo ndi gawo wina ankatsanzika. Ndiye kamera inapulumutsa ndani? Chimene chinkawakuza n'chakuti ankawapatsa ntchito imene sanasankhe okha, n'kuwapatsanso nthawi yochepa. Lero maola owerengeka mumzinda wa Rome. Ulendo wina usiku wa ku Berlin. Tsiku lina malemu Michael Madsen wa m'mafilimu wakhala apo, aliyense mphindi zochepa kuti amujambule. Akabwerako ankakhala pa kompyuta ndi katswiri wobwera ngati mlendo, monga Alex Webb kapena Bruce Gilden, kusankha zochepa pa mulu wonsewo. Kenako aime pamaso pa oweruza amve zowawa, kukacha adzukenso akajambule. Ndipo chakumapeto, atawazunguza mayiko onsewo, anawatuma kuti aliyense apite kwawo akajambule za kwawo. Waimva imeneyo? Iwe kwanu ulipo kale, sukufunika tikiti ya ndege.

Ine imene inandigwira mtima ndi ina, ya pa BBC Four, ya mu 2021, yotchedwa The Great British Photography Challenge. Anatenga anthu 6 okha, ndipo mphunzitsi wawo anali Rankin, amene anajambulapo Mfumukazi Elizabeth. Kumeneko kunalibe zothamangitsana. Onse anayambira limodzi n'kumalizira limodzi magawo anayi onse, wolakwitsa lero ankakhala ndi mpata wokonza mawa, ndipo pamapeto pake opambana anali awiri, Tyrone Williams ndi Jackson Moyles. Ntchito zina ankawauza kuti makamera akuluakulu aja aike pansi, ajambule ndi foni. Foni, mwana wanga, ngati yomwe ukuwerengerapo mauthenga a akathyali a mpikisano wa pa Facebook aja. Pamenepo mpamene pankaoneka amene ali ndi diso. Ngati ukufuna pulogalamu yophunzirapo, funafuna imeneyo.

Tsopano za madala. Akuuza kuti pa zithunzi 40 chabwino n'chimodzi, iwe n'kutupa? Madala amenewo amakukonda. Kunali wojambula wina, Robert Frank, amene anayendayenda m'dziko la America m'zaka za m'ma 1950 n'kujambula zithunzi pafupifupi 27,000. M'buku lake lotchuka, The Americans, munalowa 83 zokha. Werengera wekha poti sukulu unapita: chimodzi pa zithunzi zoposa 300. Iwe chimodzi pa 40, bwenzi utagula Fanta kusangalala. Koma ndikufunse, uyankhe mumtima mwako. Unawafunsa kuti chabwinocho n'chiti? Unawafunsa kuti chakoma chifukwa chiyani? Ndikudziwa sunafunse. Unatola zithunzi zako, mlomo utatalika, n'kutuluka. Phunziro lonse linali m'chithunzi chimodzicho, iwe n'kulisiya patebulo.

Kuwawa kokha zimawawa, sindikana. Zithunzi za chinkhoswe akazinyoza umati n'za kasitomala, koma izi zinali zako. Unaikapo mtima, mwina unakwera nazo phiri wapansi, ndipo polowa mu situdiyo unkayembekeza kuti akuyang'ana ndi maso ena, aone kuti mwana uja wakula. M'malo mwake anakamba za batire. Zimenezo zimalasa, ndipo apa sindikuseka. N'zoonanso kuti madala ena pakamwa pawo mpoipa, ndipo alipo amene diso lawo linaima pa chithunzi cha munthu atagwira duwa lapulasitiki kutsogolo kwa nsalu ya mathithi. Nsanje nayo siona msinkhu. Koma wansanje sangakuuze kuti chimodzi n'chabwino. Amati zonse zili bwino, kuti ukhale pomwepo. Wakutsina khutu ndi mnansi. Ugule paketi ya shuga, upite tsiku limene mu situdiyo mulibe anthu, uyale zonse 40 patebulo, unene kuti, "Bambo, ndinapsa mtima, mundikhululukire. Tandionetsani chija munachikonda, mundiuzenso chimene chaononga zinazi." Ukatero utseke pakamwa. Osayamba zoti koma apa dzuwa linavuta, koma apa munthuyo anasuntha. Zina mwa zimene anene ukazitaya panjira pobwerera, palibe mlandu. Koma umve kaye zonse.

Ndiye zoti watopa ndi zinkhoswe. Ku Bamako, m'dziko la Mali, kunali bambo wina dzina lake Malick Sidibé. Ntchito yake inali yakoyi. Masana mu situdiyo kujambula anthu atatchena, wina atakwera njinga yamoto, wina atanyamula wailesi. Usiku kuzungulira m'maphwando a achinyamata, m'maukwati ndi m'madansi, kenako n'kuika zithunzizo poonekera kuti eni ake adzasankhe zogula. Mu 2007 ku Venice anamupatsa mphoto ya Golden Lion chifukwa cha ntchito ya moyo wake wonse, ndipo anali woyamba mwa ojambula zithunzi kuilandira. Wina wa mumzinda womwewo, Seydou Keïta, nayenso anatchuka dziko lonse lapansi ndi zithunzi za mu situdiyo yake. Azungu amene ukuwasirirawo amalipira pakhomo kuti akaone anthu a ku Bamako atavala za pa Sande. Palibe mwa awiriwa amene anadikira TV.

Iwe pa chinkhoswe umajambula zimene aliyense amajambula: mzere wa anthu ataima chilili, manja m'mbali, mano panja. Zimenezo uzijambula ndithu, n'zimene zimakudyetsa. Koma ukamaliza usamakakhale pansi kudikira mpunga. Tayang'ana nkhope ya mnyamata pamene amubweretsera atsikana ofunditsidwa zitenje kuti aloze wake, thukuta lili pamphuno. Tayang'ana manja a ankhoswe posinthana tambala ndi thadzi, nkhuku ikukupiza mapiko, amalume akuopa kuti iwadetsera jekete yobwereka. Mayi ake a mtsikana akuvina, pakamwa akuseka koma m'maso muli misozi. Wowerenga ndalama za perekaniperekani, yekhayo pabwalo lonse amene sakumwetulira. Kuseri kwa nyumba amayi amene ayamba kuphika mbandakucha, utsi uli tolotolo, ndipo palibe amene amawakumbuka ndi kamera. Ojambula a ku Rome aja utawapatsa tsiku limodzi pamalo otere akhoza kugwetsa misozi yachimwemwe, koma sangalowe kukhitchiniko, sadziwa kuti amalume ndi ati, sadziwa kuti nthungululu ikalira chotsatira n'chiyani. Iwe ukudziwa. Ndipo amakulipira kuti ukhalepo, n'kukupatsanso mbale ya chakudya.

Pali luso linanso limene ntchito yakoyi ikukuphunzitsa iwe osazindikira. Kujambula nkhope yakuda pambali pa diresi loyera, dzuwa la Okutobala lili paliwombo, si masewera. Kamera ikaona zoyera zambiri imachepetsa kuwala, mkwatibwi n'kutuluka diresi lokha ndi mano. Nkhaniyi ndi yakale. Kampani ya Kodak kwa zaka zambiri inkayesera mitundu ya zithunzi pa khadi lokhala ndi mayi wachizungu, ankalitcha Shirley, ndiye makina otsukira zithunzi ankakomera khungu loyera. Makamera a lero ndi abwinopo, komabe wolamula ndi mwini kamera. Yeza kuwala pankhope, diresi lidzionera lokha. Anthu uwachotse padzuwa, uwaimike pamthunzi wa khonde kapena pakhomo pamene kuwala kukulowera mbali imodzi. Pansi pa mtengo wa masamba apatalipatali nkhope imatuluka mawangamawanga. Mwana mmodzi agwire chikatoni choyera cham'munsi kuti chibwezere kuwala m'maso. Ndipo usanadine, yang'ana kumbuyo kwa munthuyo. Zithunzi zambiri zimene ndasunga m'nyumba muno zili ndi mzati wa magetsi ukumera pamutu pa mkwati, kapena chimbudzi chikusuzumira paphewa.

Tafika pa ndalama zija. Mwana wanga, zimenezo si zako wekha, ndipo chimene ukufuna kuchitacho dzina lake si kubwereka, chifukwa wobwereka amapempha. Mtsikanayo anadzimana. Mwina tsitsi anakhala nalo miyezi osakonzetsa, mwina ankayenda wapansi minibasi ikumudutsa, n'kumakupatsa iwe kuti usunge chifukwa anakuona wokhulupirika. Kwawo anauza kale azakhali ake, ndipo azakhali akewo anauza mudzi wonse, ife timatero. Tsiku limene adzanene kuti tiye tiwerenge zafika pati, iwe n'kutulutsa kamera, iye sadzaona kamera. Adzaona mmene udzakhalire m'banja: mwamuna wogamula yekha, n'kumati mkazi sangamvetse. Ndalama ukhoza kudzabweza, koma kuyambira tsiku limenelo adzayamba kubisa zake pansi pa thumba la ufa, ndipo sindidzamuimba mlandu. Nanga zoti samvetsa zalusozo unamuyesa liti? Unayamba wamuonetsa zithunzi 40 zija? Kapena ukuopa kuti nayenso asankha chimodzi? Umukhazike pansi, umuuze zonse, ngakhale zoti unafuna kutengako, chifukwa akadzazimvera kwina zidzanunkha koposa. Akakwiya umusiye akwiye, ali ndi chifukwa. Ndipo ndalamazo zichoke m'manja mwako sabata yomwe ino, zikakhale ku banki kapena kwina kumene sungatape iye osadziwa. Munthu amene wayamba kuziwerenga usiku asamagone nazo chipinda chimodzi.

Za katapila sinditayapo mawu ambiri. Chiwongoladzanja chake chimabereka mwezi ndi mwezi, mpikisano usanayambe n'komwe, ndipo tsiku lolanda adzayambira kamera yomweyo, kenako matiresi. Ngati chida chikukuperewera, dziwa kaye kuti n'chiti. Nthawi zambiri si kamera yonse. Kalenzi kakang'ono ka 50mm, ngakhale kogula kwa munthu, kamasintha kwambiri zithunzi za nkhope ndi za m'nyumba mwamdima. Pa maganyu a Loweruka uzipatulako kenakake. Ikapezeka ntchito yaikulu yofuna kamera yamphamvu, ubwereke ya tsiku limodzi kwa anzako, mtengo wake uwuike pa kasitomala.

Mpikisano wa pa Facebook uja wandinunkhira ndili kuno. Uonetsedwa pa kanema uti? Ngati amutchula, pita ku ofesi yawo kapena uimbe pa nambala yawo yodziwika, ufunse. Wailesi ya kanema ikakhala ndi mpikisano imalengeza yokha pa kanema pakepo mpaka kutitopetsa. Oweruza ndi ndani, ali ndi mayina? Amene anawina chaka chatha ali kuti? Nambala yotumizirako ndalamayo ikutulutsa dzina la kampani kapena la munthu? Akakuuza kuti tumizani lero malo atsala awiri, dziwa kuti atsala ndi anthu awiri oti aberedwe. Safunsa anadya phula. Ufunsenso ku bungwe la ojambula zithunzi la Photama ngati akuudziwa. Ndipo ngakhale utakhala weniweni, werenga timalemba ting'onoting'ono tija usanasaine. Mipikisano ina imalemba kuti chithunzi chilichonse chimene watumiza chasanduka chawo, akhoza kuchigulitsa kapena kutsatsira malonda iwe osaona ngakhale kobiri. Chithunzi chimene wajambula mwa iwe wekha ndi chuma chako, lamulo limatero, ndipo a COSOMA alipo chifukwa cha nkhani zotere.

Ukufuna mpikisano? Panga wako. Peza anzako atatu kapena anayi amene amajambula, ngakhale a foni. Aliyense alembe mitu pa timapepala muponye m'chipewa: madzi, manja a anthu pantchito, msika wa Limbe kusanache bwino, akabaza, mvula, amayi ako. Lamlungu mukaweruka kutchalitchi mutole kamodzi, mupatsane maola awiri, osapitirira. Aliyense abwere ndi zithunzi zitatu basi, ndipo muzitsukitse, chifukwa pa foni chilichonse chimaoneka chokongola, papepala mpamene bodza limagwidwa. Muziyale pamkeka. Mwini chithunzi asalankhule mpaka anzake onse atanena zimene akuona. Ngati chikudikira kuti uchifotokozere ndiye kuti sichinagwire ntchito. Mawu akuti "zili bho" muwaletse, wowanena agule mandasi. Kamodzi pamwezi muitane madala aja adzakhale a Toscani anu, mudzaone mmene adzakonzere kolala. Osathamangitsa munthu, tengerani kwa Rankin. Mutu umene wakukanika ukaubwerezenso sabata yotsatira, malo omwewo koma nthawi ina. Ikatha miyezi 6 uyale zoyamba ndi zomaliza pamodzi, udzadziweruza wekha.

Pojambula anthu m'misewu uzipempha. Moni kaye, ucheze, unene chimene ukufuna, akakana uthokoze uzipita. Mwana wa eni osamujambula popanda kholo. Pamaliro ndi kuchipatala kamera izikhala m'chikwama pokhapokha eni ake atakuitana. Ndipo usatengere khalidwe lofunafuna wong'ambikira ndi wodwala kuti akunja akuombere m'manja. Amene wamujambula akadzaona chithunzicho asadzachite manyazi. Ukalonjeza kuti ubweretsa chithunzi, ubweretse, amayi a mumsika saiwala nkhope.

Ukadzakhala ndi zithunzi 10 kapena 12 za nkhani imodzi zimene madala, anzako ndi bwenzi lako avomereza, pamenepo ukhoza kuyang'ana kunja. Mipikisano ikuluikulu yolowa ulere pa intaneti ilipo. A Sony World Photography Awards salipiritsa. A World Press Photo a ku Amsterdam, amene amaona za ojambula nkhani, nawonso salipiritsa. Ona wekha kusiyana kwake ndi anzako a pa Facebook aja. Ngati mtima uli pa sukulu, ku Johannesburg kuli Market Photo Workshop, imene anayambitsa David Goldblatt mu 1989, kumene anaphunzira Zanele Muholi. Koma imeneyo ndi nkhani yoti mudzakambirane awiri, pepala ndi cholembera zili patebulo, osati yothawira usiku pa basi ya ku Joni.

Ndisanaiwale, poti ndakuonani ana inu, zala zanu zimayabwa mukakhala pa kompyuta. Kukonza kuwala pang'ono n'kololedwa, koma kuchotsa munthu, kuwonjezera mtambo, kusalaza nkhope mpaka mphuno kusowa, ku mipikisano ya zithunzi za nkhani amakuchotsa nazo. Mu 2015 a World Press Photo anataya chimodzi pa zisanu zilizonse zimene zinafika chakumapeto chifukwa eni ake anazigwiragwira mopitirira muyeso, ndipo amafuna uwatumizire chithunzi mmene chinatulukira mu kamera kuti afananize. Choncho zoyambirirazo uzisunga malo awiri, osati pa memori khadi imodzi yomwe umayenda nayo m'thumba la jini. Akwatibwi ndiwo adzakuvutitsa kuti uwayeretseko pang'ono. Ukamakana zonse udzagona ndi njala, ndiye uwachotse kachiphuphu kamene kabwera ndi mantha a ukwati, koma khungu uwasiyire lawo. Apongozi ayenera kumuzindikira mtengwa wawo chithunzicho chikapachikidwa pabalaza.

Ndine azakhali ako.